Sewanee 1899: magemu asanu m'masiku asanu ndi limodzi, zinatheka bwanji?

Kalulu_wa_Bwalo:
Akuluakulu, tandithandizeni pa nkhani ya timu ya Sewanee ya 1899, mpira wa ku America uja wa m'makoleji. Akuti kasukulu ka ophunzira 300 ndi pang'ono kanasewera magemu 12 n'kupambana onse, mapointi 322 kwa 10. Chandizunguza mutu kwenikweni ndi cha pakatipo: magemu asanu m'masiku asanu ndi limodzi, onse koyenda, ulendo wa pa sitima, osachinyidwa ngakhale pointi imodzi. Masiku ano timu imasewera kamodzi pa sabata koma osewera amadandaulabe kuti thupi laphwanyika. Zinalidi choncho, kapena anthu akhala akukokomeza?

Che Mbiri:
Zinachitikadi achimwene, ndipo masiku ake ndi odziwika. Sukuluyo dzina lake lenileni ndi University of the South, ili pamwamba pa phiri la Cumberland Plateau ku Tennessee, ndipo ndi ya mpingo wa Episcopal, womwe ndi a Anglican a ku America. Ulendo uja unayenda motere:

Lachinayi 9 Novembala, Texas ku Austin, 12-0
Lachisanu 10 Novembala, Texas A&M ku Houston, 10-0
Loweruka 11 Novembala, Tulane ku New Orleans, 23-0
Lolemba 13 Novembala, LSU (Louisiana State University) ku Baton Rouge, 34-0
Lachiwiri 14 Novembala, Ole Miss (University of Mississippi) ku Memphis, 12-0

Mukaphatikiza ndi 91-0. Mtunda wonse, kupita ndi kubwerera, unali pafupifupi makilomita 4,000. Anthu a kumeneko amakonda kunena kuti tsiku lachisanu ndi chiwiri anapumula, kutengera za m'Genesis, koma mukayang'ana kalendala kupumula kwenikweni kunali pakati, Lamulungu pa 12. Sukulu ya mpingo sikanasewera pa Sabata.

Magemu ena asanu ndi awiri a chaka chimenecho: Georgia 12-0, Georgia Tech 32-0, Tennessee 46-0, Southwestern Presbyterian 54-0, amenewa ulendo usanachitike. Atabwerako, Cumberland 71-0, Auburn 11-10, North Carolina 5-0. Werengetsani, mupeza 322. Mapointi 10 onse amene anachinyidwa chaka chonse anachokera kwa Auburn yokha.

Nachisale:
Poyamba tifunse kuti ndani anakonza ndondomeko yamisala ngati imeneyi, chifukwa palibe kochi wanzeru zake amene angaipemphe. Yankho lake ndi ndalama. Timu ya koleji masiku amenewo inkadzilipirira yokha kuchokera ku ndalama zapakhomo, ndipo amene ankayendetsa zimenezi anali wophunzira mnzawo, manijala. Wa Sewanee anali Luke Lea, mnyamata wa zaka 20.

Sewanee ili kutchire, pamwamba pa phiri, kopanda anthu oti n'kudzaza bwalo. Gemu imene inkabweretsa ndalama chaka ndi chaka inali ya Vanderbilt ku Nashville. Mu 1899 masukulu awiriwa anakanganirana kagawidwe ka ndalama zapakhomo, gemu ija n'kufa. Lea anatsala ndi dzenje m'thumba la timu, ndiye anayamba kulemba makalata kufuna magemu m'mizinda ya anthu ambiri.

Tsono masamu ake ndi awa. Kupita ku Austin kokha n'kubwerera, tikiti ya gulu lonse, chakudya ndi pogona sizikanabwezedwa ndi gemu imodzi. Koma njanji yobwerera ikudutsa Houston, New Orleans, Baton Rouge ndi Memphis, ndipo pena paliponse pali timu ndi anthu olipira pakhomo. Tsiku lililonse lokhala osasewera ndi tsiku lodya ndalama komanso lojomba m'kalasi. Ndiye mukapanikiza magemuwo motsatizana, mtengo wa ulendo umagawika pasanu. Taonaninso kuti gemu ya A&M sinachitikire kwawo ku College Station koma ku Houston, ya Ole Miss ku Memphis osati ku Oxford. Ankatsata khamu la anthu ndi njanji.

WaRugby:
Amayi a Nachisale afotokoza chifukwa chake anapita. Ine ndifotokoze chifukwa chake matupi anapirira, popeza mukaganiza za mpira wa pa TV wa lero simungamvetse. Wa 1899 unali pafupi kwambiri ndi rugby.

Kuponya mpira kutsogolo kunali koletsedwa, kunaloledwa mu 1906. Bwalo linali la mayadi 110 m'litali, pafupifupi mamita 100, lopanda end zone (malo ogoletsera a kuseri kwa mzere wa chigoli), mapolo ali pa mzere wa chigoli penipeni. Timu inkapatsidwa ma down atatu, kutanthauza mwayi woyesa katatu, kuti isunthe mpira mayadi asanu okha, ngati mamita anayi ndi theka. Lero ndi ma down anayi pa mayadi 10. Quarterback, wosewera amene amayamba kulandira mpira n'kuugawa kwa anzake, akalandira mpira sankaloledwa kuthamanga nawo yekha kudutsa mzere, ankayenera kupatsira mnzake kaye. Ndipo kukankha kapena kukoka mnzako amene wanyamula mpira kunali kololedwa, kunaletsedwa mu 1910.

Zotsatira zake, gemu yambiri inkachitikira pa kamalo kakang'ono. Anthu 22 aunjikana, wonyamula mpira walowa pakati mutu uli pansi, anzake awiri akumukankha kumbuyo, wina akumukoka kutsogolo, mulu wonse wagwa, apeza mayadi awiri. Adzuka, abwereza. Kugundana kwa anthu awiri othamanga liwiro lonse kuchokera kutali, kumene kumathyola osewera a lero, kunalipo kochepa, makamaka pa ma punt, pamene timu yamenya mpira ndi mwendo kuti ukagwere kutali kwa adani. Zimene zinkachuluka ndi kupondedwa, zigongono kumaso, mphuno zothyoka, nthiti ndi maondo. Zopweteka kwambiri, koma zambiri mwa izo munthu wouma mtima atha kudzuka nazo mawa n'kusewera.

China, nthawi. Lamulo linkati zigawo ziwiri za mphindi 35, koma makaputeni ankaloledwa kugwirizana zofupikitsa, ndipo zigawo za mphindi 20 kapena 25 zinali zofala, makamaka gemu ikayamba mochedwa kapena alendo akuthamangira sitima. Magetsi a pabwalo kunalibe, dzuwa likalowa basi.

Kalulu_wa_Bwalo:
Ndiye kuti ankasinthana osewera kwambiri kuti ena apume?

WaRugby:
Ayi, ndipo apa ndi pamene ulemu wawo uli. Wosewera akatuluka sankaloledwa kubwereranso m'gemu imeneyo. Panalibe gulu lomenya nkhondo kutsogolo ndi gulu lina lotchinga ngati lero, anthu 11 omwewo ankachita zonse, kuphatikizapo kumenya ma punt ndi kuwathamangira. Munthu ankatuluka pokhapokha atalephera kuimirira. Gulu lonse la osewera amene anakwera sitima linali la anthu 20 kapena kuchepera apo, ndiye mpata wopumitsa anthu unkapezeka pokha pamene gemu yapepuka, monga ya LSU.

Chitsanzo ndi kaputeni wawo Henry Seibels, amene ankamutchula kuti Diddy. Pa gemu ya Texas anang'ambika pamphumi, anamumata pulasitala, n'kupitiriza mpaka kumapeto, ndipo touchdown zonse ziwiri, zigoli zofikitsa mpira kuseri kwa mzere wa adani, anagoletsa ndi iye. Chipewa choteteza mutu sichinali chokakamiza. Ena ankavala kachikopa kofewa kophimba makutu, ambiri ankangosunga tsitsi lalitali.

Mlonda_wa_Zigoli:
Ndiwonjezere za kawerengedwe ka mapointi, chifukwa ambiri akaona 12-0 amaganiza kuti ndi touchdown ziwiri zopanda kick. Mu 1899 touchdown inali mapointi 5, kick yotsatira pointi imodzi, field goal (kumenya mpira pakati pa mapolo gemu ili mkati) mapointi 5, safety (kugwetsa mdani ali ndi mpira kuseri kwa mzere wa chigoli chake) mapointi 2. Choncho 12 ndi touchdown ziwiri ndi kick zonse ziwiri zolowa. 23 ndi touchdown zinayi ndi kick zitatu. 34 ndi touchdown zisanu ndi imodzi ndi kick zinayi. Ndipo 11-10 ya Auburn ndi touchdown ziwiri mbali iliyonse, kusiyana kwake kick imodzi yokha.

Kick imeneyo sinali yophweka ngati ya lero yomenyera pakati nthawi zonse. Inkatengera pamene mpira wagundidwa pansi, monga pa rugby. Ukagoletsera kukona, unali ndi njira ziwiri: kubwerera molunjika kuchokera pamenepo n'kumenya mpira uli pambali, kapena kumenya kaye ka punt kuchokera pa mzere wa chigoli kupita kwa mnzako amene ali chapakati, iye akawakha bwino ndiye mumenyere pamene wawakhirapo. Akaugwetsa, mwayi watha. N'chifukwa chake wothamanga wanzeru akadutsa mzere ankayesetsa kukhotera kuseri kwa mapolo asanagunde mpira pansi. Mpirawo unalinso wonenepa, wozungulirapo kuposa wa lero, ndipo ukanyowa unkalemera.

Field goal inatsika kufika pa 4 mu 1904, pa 3 mu 1909, ndipo touchdown inakwera kufika pa 6 mu 1912, chaka chomwe bwalo linafupikitsidwa kukhala mayadi 100.

Gogo_Sitima:
Ana inu mwaiwala sitima, pomwe theka la nkhaniyi lili pa njanji. Kuchoka ku Sewanee kunali kutsika phiri pa kanjanji kakang'ono kukafika ku Cowan, kumene ankalumikiza njanji yaikulu. Lea anachita hayala bogi yogonamo ya Pullman, ndiye bogiyo inali nyumba yawo. Gemu ikatha madzulo, asamba, adya, akwera, bogi ikokedwa usiku wonse, m'mawa adzukira mzinda wina. Austin kupita ku Houston ndi makilomita ngati 260, wamba. Koma Houston kupita ku New Orleans ndi oposa 550, usiku umodzi, thupi litamenyedwa masiku awiri otsatizana. New Orleans kupita ku Baton Rouge ndi pafupi, ngati 130, ndipo panali Sabata lopumira. Kenako Baton Rouge kupita ku Memphis, ena pafupifupi 600.

Choopsa pa ulendo wotere si kutopa kokha ayi. Ndi m'mimba ndi kuuma kwa minofu. Madzi a m'mizinda ya kumwera kwa America nthawi imeneyo sanali odalirika, typhoid inali ponseponse, ndipo anthu atatu okha akatsegula m'mimba timu yatha. Iwo ananyamula migolo ya madzi a pakasupe wa kwawo kuphiri. Za minofu, munthu wopondedwa masana akagona pa kabedi kopapatiza m'bogi yogwedezeka, m'mawa mwendo sutambasuka. Ntchito yothana ndi zimenezi inali ya Cal Burrows, bambo wachikuda amene ankawatikita osewera usiku sitima ikuyenda, mmodzimmodzi. Osewera akugona, iye ali maso. Nkhaniyi ikamakambidwa dzina lake limabwera kumapeto kapena silibwera n'komwe, pomwe popanda manja ake sindikhulupirira kuti akanafika ku Memphis ali 11 oimirira. Kumwera kwa America kwa 1899 munthu wakuda sakanavala yunifomu ya timu imeneyo, kapena kulowa m'kalasi pa sukuluyo.

Nachisale:
Zoona agogo. Ndipo pali mwayi wina umene Sewanee inali nawo umene suoneka pa zigoli. Kalendala ya sukuluyi inali yotembenuka: tchuthi chachitali chinali m'nyengo yozizira, ndipo miyezi yotentha ophunzira anali pasukulu, chifukwa kuphiri kunali kozizirira bwino komanso kotalikirana ndi malungo ndi yellow fever za kuzigwa. Ndiye pamene masukulu ena ankatsegulira chakumapeto kwa Seputembala n'kuyamba kusonkhanitsa anyamata, a Sewanee anali limodzi kale, akuphunzira zizindikiro zawo.

Zimenezi zinali zazikulu chifukwa kochi sankaloledwa kulangiza ali kunja kwa bwalo gemu ili mkati. Quarterback ndiye ankafuula manambala, aliyense n'kudziwa kuti mpira ukupita kwa yani ndipo ukudutsa mpata uti. Mmodzi akasokoneza nambala, wonyamula mpira amakumana ndi khoma ali yekha, kapena mpira umagwa popatsirana. Timu yozolowerana inkapambana yosazolowerana ngakhale matupi atafanana. Kochi wawo Billy Suter anachokera ku Princeton, kumene mpirawu unali patsogolo kwambiri kuposa kumwera, ndipo 1899 chinali chaka chake choyamba. Onjezani kuti sukuluyi inali ndi nthambi za udokotala, malamulo ndi zaubusa, choncho ena mwa osewera anali amuna okhwima, osati anyamata ongochoka kumene ku sekondale. Chaka cha 1898 analinso osagonja, si kuti anangotulukira.

Mtsutsi:
Pepani akuluakulu, ine ndithireko madzi ozizira pang'ono. Mayina a Texas, LSU, Texas A&M ndi Ole Miss akutiopsa chifukwa tikuwaona ndi maso a lero, mabwalo a anthu 100,000 ndi ndalama zankhaninkhani. Mu 1899 anali matimu a ophunzira ochepa amene mpirawu anali atangouyamba zaka zosakwana 10 zapitazo. Tulane sinapambane gemu ngakhale imodzi chaka chimenecho. LSU inapambana imodzi yokha, ndipo inali yolimbana ndi Tulane yomweyo. Ndiye pa magemu asanu aja, awiri anali ofewa, ndipo anagwera malo abwino: gemu yachitatu pamene miyendo yatopetsetsa, ndi yotsatira tsiku lopuma. Olimba anali awiri oyamba, pamene anyamata anali ndi mphamvu zawo. Texas inagonja kawiri kokha chaka chonse.

Komanso sanasewere ndi timu iliyonse ya kumpoto chakum'mawa, kumene kunali akatswiri enieni. Akamatchula akatswiri a dziko lonse a 1899 amatchula Harvard ndi Princeton. Sewanee inatenga ukatswiri wa kumwera, wa SIAA, bungwe la masewero a makoleji a kumeneko. Ndi chinthu chachikulu, koma tisachikweze kuposa pamenepo.

WaRugby:
Mfundo ya Tulane ndi LSU ndaivomera, koma pa kusachinyidwa mukuchepetsa. Pa malamulo aja njira yochinyira timu yamphamvu inali kudikira kuti ilakwitse: punt yotchingidwa, mpira wogwa pafupi ndi chigoli chawo, kapena munthu mmodzi wotopa kuphonya tackle kumapeto kwa mzere, popeza kumbuyo kunkatsala munthu mmodzi yekha. Kutopa kumabala zolakwa zoterezi. Magemu asanu osapereka ngakhale field goal, pa mabwalo achilendo, oyimbira akusankhidwa mogwirizana ndi eni bwalo, khamu lili m'mphepete mwa mzere popanda mpanda weniweni, si nkhani ya adani ofooka yokha.

Ndipo njira yawo inali yogwirizana ndi ulendo. Ukakhala ndi womenya punt wabwino, sudikira down yachitatu uli m'dera lako. Umamenya msanga, mpira ukagwere kutali, adani ayambire kumeneko kukwera phiri mayadi awiriawiri. Kuti afike pa chigoli chako ayenera kupambana ma down kakhumi ndi kangapo motsatizana osagwetsa mpira, zomwe sizichitika kawirikawiri. Iwe ukapeza touchdown ziwiri, umatseka chitseko n'kusunga miyendo ya mawa. Taonani 12-0, 10-0, 12-0 pa matimu atatu olimbirapo. Fullback wawo Ormond Simkins ndiye anali msana wa zimenezi, pa kumenya mpira ndi pa kugwetsa anthu.

Che Mbiri:
A Mtsutsi akunena zoona pa chinthu chimodzi: gemu imene inatsala pang'ono kuwononga chaka chonse sinali pa ulendo uja. Inali ya pa 30 Novembala ku Montgomery, tsiku la Thanksgiving, ndi Auburn ya kochi John Heisman, yemwe uja chikho cha wosewera wabwino koposa m'makoleji chinatengera dzina lake.

Heisman anabwera ndi zinthu ziwiri zimene Sewanee inali isanakumane nazo. Choyamba liwiro: anyamata ake ankati akangodzuka pa mulu, afola kale, mpira wayambanso, otchinga asanapeze malo awo. Chachiwiri, zogwirira zachikopa zosokerera pa mabuluku, kuti wonyamula mpira azikokedwa bwino ndi anzake. A Sewanee anadandaula za zogwirirazo kwa oyimbira. Auburn inayendetsa mpira kuposa Sewanee tsiku limenelo, ndipo inagoletsa kawiri timu imene inali isanachinyidwe magemu 10. Sewanee inapeza zake ziwiri pogwiritsa ntchito mipata imene inapezeka, n'kulowetsa kick imodzi. Anthu ankalowerera m'bwalo, mikangano ndi oyimbira inkadya nthawi, mpaka gemu inathetsedwa chifukwa cha mdima chigawo chachiwiri chisanathe. Heisman sanakhutire, analemba m'nyuzipepala kudzudzula kayimbidwe kake, ndipo a ku Auburn mpaka lero amati anaberedwa.

Patangopita masiku awiri, pa 2 Disembala, anali ku Atlanta ndi North Carolina, timu imene chaka cha 1898 inapambana magemu ake onse. 5-0 imeneyo inali field goal imodzi, panalibe touchdown. Ndiye magemu awiri ovuta koposa anaseweredwa m'masiku atatu, kumapeto kwenikweni, anthu atatha kale.

Kalulu_wa_Bwalo:
Nanga zinatha bwanji kuti sukulu yotere lero sitiimva n'komwe?

Nachisale:
Sukuluyo sinakule, anzake anakula. Masukulu a boma monga Texas, LSU ndi Tennessee anafika pa ophunzira masauzande, anamanga mabwalo akuluakulu, n'kuyamba kukopa osewera ndi maphunziro aulere. Malamulo nawonso anasintha mokomera timu ya anthu ambiri. Imfa za osewera zitachuluka mu 1905, Pulezidenti Theodore Roosevelt anaitanitsa akuluakulu a Harvard, Yale ndi Princeton, ndipo kuyambira 1906 mpira unatseguka: mayadi 10 m'malo mwa asanu, kuponya kutsogolo, kenako kusinthana osewera momasuka. Anthu 11 olimba sanalinso okwanira, pankafunika benchi yodzaza. Sewanee inatsekanso sukulu yake ya udokotala mu 1909, gwero lina la matupi akuluakulu n'kuuma.

Inayesabe kukakamira. Inali m'gulu la masukulu oyambitsa Southeastern Conference, imene inayamba kusewera mu 1933, koma pa zaka zisanu ndi zitatu inasewera magemu 37 a mu ligiyo n'kugonja onse. Inatuluka mu 1940. Lero imasewera mu NCAA Division III, momwe mulibe maphunziro aulere olipirira masewero.

Mlonda_wa_Zigoli:
Seibels analowetsedwa mu College Football Hall of Fame, malo olemekezera akatswiri a mpira wa m'makoleji, mu 1973. Koma woti mumutsate ndi Luke Lea. Anayambitsa nyuzipepala ya Tennessean ku Nashville mu 1907, anakhala senator wa Tennessee kuyambira 1911 mpaka 1917, ndipo nkhondo yoyamba yapadziko lonse itangotha, ali mkulu wa asilikali, anatenga anzake angapo n'kulowa m'dziko la Netherlands popanda chilolezo chenicheni, kufuna kukagwira Kaiser Wilhelm II, mfumu ya Germany, amene anathawirako. Anafika mpaka m'nyumba imene Kaiser ankakhala, koma anabwerako chimanjamanja. Pambuyo pake anakhalakonso m'ndende ku North Carolina pa mlandu wokhudza kugwa kwa banki, kenako n'kukhululukidwa.

Mtsutsi:
Ameneyo ndiye munthu woti angauze anzake kuti magemu asanu m'masiku asanu ndi limodzi ndi nkhani yaing'ono. Koma a WaRugby, pa oyimbira paja musakokere mbali imodzi. Ku Montgomery amene analira ndi Auburn, ndipo pa gemu imeneyo chigamulo chimodzi cha woyimbira chikanatembenuza zotsatira.

WaRugby:
Chigamulo kapena kick. Auburn inagoletsa touchdown ziwiri n'kulephera kuwonjezera pointi pa zonse ziwiri. Ikanalowetsa imodzi, gemu ikanatha 11-11, ikanalowetsa zonse ikanapambana 12-11 mdima usanagwe, ndipo Heisman sakanakhala ndi cholembera ku nyuzipepala.